Kodi munthu akakutchani "klutz" wakutukwanani?

Funso lachokera kwa mayi wina amene amagwira ntchito m'nyumba yosamaliramo okalamba ku New Jersey. Iwo akuti: "Ndili ndi mnzanga kuntchito amene akagwetsa kapu kapena akapunthwa amati 'I'm such a klutz' n'kumaseka. Tsiku lina ine ndi amene ndinataya tiyi, ndipo anandiyang'ana n'kunena kuti 'klutz'. Ena anaseka, ine ndinangoti kakasi. Liwu limeneli sitinaphunzire kusukulu. Kodi ananditukwana? Linachokera kuti, nanga ineyo ndikhoza kumaligwiritsa ntchito?"

Mayi, mtima ukhale m'malo, simunatukwanidwe. Klutz ndi munthu amene thupi lake silimumvera bwinobwino: makapu amamupulumuka m'manja, amapunthwa pamalo popanda n'chitsa chomwe, amagunda felemu ya chitseko ndi phewa, akamathira madzi ena amatayikira pambali. Liwuli limanena za manja ndi miyendo. Silinena za nzeru za munthu, khalidwe lake, kapena kumene anachokera. Dokotala wodziwa bwino ntchito yake akhoza kukhala klutz akalowa m'khichini, ndipo palibe amene angaone zachilendo. Ndi liwu la pocheza, simungalipeze m'kalata ya ku ofesi, koma silili m'gulu la zotukwana. Ana amalinena pamaso pa makolo awo, ndipo pa wailesi ya kanema limamveka masanasana. Ngakhale zili choncho, mnzanuyo anapitirirako malire pang'ono, chifukwa kudzitcha wekha klutz ndi kutcha mnzako klutz pagulu ndi nkhani ziwiri zosiyana. Zimenezi zimveka bwino tikaona njira imene liwuli linayenda.

Linachokera ku Chiyidishi, chinenero cha Ayuda a ku Ulaya wapakati ndi wakummawa. Eni ake amati klots, ndipo tanthauzo lake loyamba si munthu ayi. Ndi chipika, kapena mtanda wokhuthala wa padenga. Zipika zikachuluka amati kletser, kachipika kakang'ono amati kletsl. Munthu wolemera thupi, woyenda mokhukhuluza, wongoima panjira anzake akufuna kudutsa, ankamutcha klots pachifukwa chosavuta kumva: chipika sichipatuka, sichivina, ndipo ukachikankha chimangogubuduka n'kuphwanya zimene chapeza.

Ambiri a ife tikamva za Ayuda timaganiza za Chiheberi chokha, chifukwa ndi chimene timachidziwa kudzera m'Baibulo. Koma kwa zaka mazana ambiri Chiheberi chinali cha mapemphero ndi mabuku opatulika. Pakhomo, pamsika, pokalipira ana ndi pofunsira mbeta, Ayuda a ku Poland, Lithuania, Ukraine, Belarus, Romania ndi Hungary ankayankhula Chiyidishi. Chinenerochi chinayamba zaka pafupifupi 1,000 zapitazo pakati pa Ayuda okhala m'madera a anthu oyankhula Chijeremani. Maziko ake ndi Chijeremani chakale, koma muli mawu ambiri a Chiheberi ndi Chiaramu, komanso a Chipolishi ndi zinenero zoyandikana nacho, omwe analowa Ayudawo atasamukira kummawa. Amachilemba ndi zilembo za Chiheberi, kuchokera kumanja kupita kumanzere. Chiganizo chake chakale kwambiri chimene chaka chake chimadziwika chili m'buku la mapemphero la 1272 la ku Worms, mzinda wa ku Germany. Nkhondo yachiwiri ya padziko lonse isanayambe mu 1939, ochiyankhula anali pafupifupi 11 miliyoni, ndipo mwa Ayuda 6 miliyoni amene a Nazi anapha, ochuluka kwambiri anali anthu a chinenero chimenechi. Lero chimayankhulidwa makamaka m'makomo a Ayuda osunga kwambiri chipembedzo, monga ku Williamsburg ndi Borough Park mu Brooklyn, ku Kiryas Joel, ku Stamford Hill mu London, ku Antwerp ndi m'madera ena a Israel. Popeza muli ku New Jersey, simuli patali ndi ana amene amasewera pamsewu m'Chiyidishi.

M'Chijeremani cha masiku ano liwuli lilipobe, amalilemba Klotz. Timatabwa timene ana amasanjikiza posewera amatitcha Bauklötze. Chinthu kapena munthu amene wakukakamira n'kumakulepheretsa kupita patsogolo amati ndi "Klotz am Bein", chipika cha kumwendo. Mjeremani akatcha munthu Klotz nthawi zambiri amatanthauza munthu wokhakhala, wosadziwa kukhala ndi anthu. Chingerezi nachonso chinali kale ndi abale a liwu limeneli. Clot, amene ndi magazi oundana, ndi clod, chibuma cha dothi, amachokera ku banja lomwelo la mawu akale onena za chinthu choumbika n'kulimba. Onse awiri Angerezi amanyozeranso anthu: ku Britain "you clot" ndi mawu ouza munthu kuti wachita zopusa, ndipo clod ndi munthu wopusa komanso wolemera miyendo. Palinso blockhead, mutu wa chipika.

Apa ndi pamene pali mfundo imene ndikufuna muigwiritsitse. M'Chiyidishi klots ankasenza zonse ziwiri, kulemera kwa thupi ndi kulemera kwa mutu. Umboni wake uli m'mawu akuti klots-kashe. Kashe ndi funso lovuta, la mtundu umene ophunzira amafunsana akamasanthula Talmud, mabuku a malamulo ndi ziphunzitso za Chiyuda, m'masukulu awo a chipembedzo. Klots-kashe ndiye funso la munthu wosadziwa, funso limene ophunzira angachite nalo manyazi kulifunsa, koma likagwa pakati pa zokambirana limatseka njira ndipo zonse zimaima. Nthawi zina aphunzitsi enieniwo amalephera kuliyankha, n'chifukwa chake mawuwa amanyoza koma ali ndi kaulemu kobisika. Mukuona kuti apa klots sakugwetsa mbale. Ndi mutu umene ukunenedwa. Chingerezi chitabwereka liwuli chinatenga theka la katunduyo n'kusiya theka. Chinatenga za thupi, chinasiya za mutu. Mabuku ena otanthauzira mawu amaikabe tanthauzo lachiwiri lakuti munthu wopusa, koma mukamvetsera anthu a ku America akucheza, pafupifupi nthawi zonse amanena za kupunthwa, kugwetsa ndi kutaya. Choncho amene angakuuzeni kuti klutz ndi chitsiru, chidzete kapena mbutuma wakusokonezani. Mawu athu amenewo amaluma kwambiri, ndipo amaluma pamalo polakwika. Ife za munthu wotere timangonena kuti sachedwa kuswa zinthu, kapena kuti usamupatsire mbale zadothi.

Za katchulidwe, liwuli ndi phatikizo limodzi lokha, ndipo limamveka ngati "klats", mofanana ndi cuts kapena nuts. Lilime lathu limafuna kuika vawelo pakati pa k ndi l, ndi ina kumapeto, kuti likhale "kalatsi". Yesetsani kudziletsa. Kumapetoko ndiye kosavuta kwa ife kuposa anthu ambiri ophunzira Chingerezi, chifukwa tz ameneyo ndi ts yemweyo wa mu tsiku ndi tsamba, kungoti wabwera kumapeto. Mwina mungafunse kuti o wa mu klots anasanduka bwanji u. Anthu a ku America o wa mu lot kapena hot amamutchula motsegula kukamwa, pafupifupi ngati a wautali. O wa Chiyidishi ndi wamfupi, ndipo n'kutheka kuti m'makutu mwawo anamveka moyandikira vawelo ya mu cut, choncho analemba ndi u. Tz wa kumapeto ndi kalembedwe ka Chijeremani. Bungwe lofufuza za Chiyidishi la YIVO, limene linakhazikitsidwa ku Vilna (lero ndi Vilnius, ku Lithuania) mu 1925 n'kusamukira ku New York mu 1940, lili ndi njira yake yolembera Chiyidishi m'zilembo zathuzi, ndipo mwa njira imeneyo liwuli ndi klots. Koma mukamalemba Chingerezi lembani klutz. Mkangano wa kalembedwe umenewo unatha kale.

Liwuli linawoloka nyanja ndi anthu othawa. Mfumu Alexander II ya ku Russia itaphedwa mu 1881, kunabuka zipolowe zopha ndi kuotchera Ayuda, ndipo malamulo anawafinya kwambiri. Kuyambira chaka chimenecho kufika 1924, pamene America inakhwimitsa lamulo lolowera m'dzikomo, Ayuda oposa 2 miliyoni a kummawa kwa Ulaya anasamukira kumeneko. Ambiri anadzera pa Ellis Island, malo olandirira obwera pa doko la New York amene anatsegulidwa mu 1892, n'kukathithikana ku Lower East Side mu Manhattan, kumene ankagwira ntchito yosoka zovala m'timafakitale topanikizika. Anali ndi zisudzo zawo m'mbali mwa Second Avenue, ndi nyuzipepala zawo. Yotchuka kwambiri, Forverts, inayamba mu 1897, mkonzi wake wa nthawi yaitali anali Abraham Cahan, ndipo m'zaka za m'ma 1920 inkagulidwa makope oposa 200,000 patsiku.

Chochititsa chidwi n'chakuti klutz sanalowe m'Chingerezi cha aliyense nthawi imeneyo. Anafala m'zaka za m'ma 1960, patadutsa zaka pafupifupi 40 chitsekereni chipata. Kuchedwa kumeneku kuli ndi chifukwa chake. Makolo amene anatsika sitima ankayankhula Chiyidishi okhaokha, ndipo anthu akunja sankawamva. Ana awo anakula ndi zinenero ziwiri, ambiri akuchita manyazi ndi cha kunyumba chifukwa chinkawaonetsa kuti ndi obwera. Koma mwa anawo munatuluka akatswiri a nthabwala. M'mapiri a Catskill, kumpoto kwa mzinda wa New York, munali mahotela monga Grossinger's ndi Concord kumene mabanja a Chiyuda ankapita kutchuthi, mwa zina chifukwa mahotela ambiri a kwina sankalandira Ayuda. Deralo linapatsidwa dzina lachipongwe lakuti Borscht Belt, potengera msuzi wofiira wa bitiruti umene ankadya. Kumeneko anthu monga Sid Caesar, Mel Brooks, Jerry Lewis, Danny Kaye ndi Jackie Mason anaphunzirira kuseketsa anthu, akuyankhula Chingerezi chothira timawu ta Chiyidishi. Wailesi ya kanema itafala kumapeto kwa zaka za m'ma 1940 ndi m'ma 1950, anthu omwewa ndi anzawo ndi amene ankalemba ndi kusewera mapulogalamu oseketsa, ndipo mlimi wa ku Iowa amene sanaonepo Myuda anayamba kumva mawu a ku Lower East Side ali m'nyumba mwake.

Mu 1968 Leo Rosten, amene anabadwira ku Łódź m'dziko la Poland, anatulutsa buku lotchedwa The Joys of Yiddish, lofotokoza mawu otere limodzi ndi nthabwala zake. Linagulidwa kwambiri ndipo linathandiza kuti mawu monga chutzpah, schlep, kvetch ndi mensch akhazikike. Ine bukuli ndimalikonda, koma ndimagwirizana ndi akatswiri a Chiyidishi amene amadandaula kuti ntchito ngati imeneyi inasiya chithunzi chakuti chinenerochi n'choseketsera basi. Ndi chinenero chimene anthu analemberamo ndakatulo, nkhani za ndale ndi makalata otsanzikana ndi abale awo. Isaac Bashevis Singer analandira mphoto ya Nobel mu 1978 chifukwa cha zimene analemba m'Chiyidishi. Chingerezi chinangotolamo zoseketsa chifukwa amene anachibweretsera anali anthabwala.

Komabe liwu silikhazikika m'chinenero chifukwa choti munthu wotchuka walinena. Pamafunika kuti lipeze malo opanda mwini, ndipo klutz anawapeza. Chingerezi chinali ndi mfotokozi clumsy, koma chinalibe dzina lofatsa la munthu wotere. Oaf amanena za munthu wamkulu thupi, wopusa ndi wamwano. Lummox nayenso amafuna munthu wojintcha. Clod amanyoza nzeru. Butterfingers amangonena za zala zogwetsa zinthu, sanena za kupunthwa. Panalibe liwu limene mtsikana wochepa thupi, wanzeru zake, akanadzitcha nalo atagwa pamasitepe. Klutz ndi wamfupi, sasankha mwamuna kapena mkazi, wonenepa kapena woonda, ndipo kamvekedwe kake komwe n'koseketsa m'makutu a Mngerezi, ngati chinthu chagwa pansi. Mukaganiza kuti liwuli linayamba ndi chipika cholemera, n'zodabwitsa kuti lero lingagwere ngakhale kamtsikana kopepuka.

Munthu amene dzinali linamumatirira kwambiri pagulu anali pulezidenti wa America. Pa 1 June 1975 Gerald Ford anaterereka n'kugwa potsika masitepe a ndege ya Air Force One ku Salzburg m'dziko la Austria, kunja kukugwa mvula, makamera akujambula. Mu October chaka chomwecho pulogalamu ya Saturday Night Live inayamba, ndipo wanthabwala Chevy Chase anayamba kusewera Ford. Sankavutika n'kudzikongoletsa kuti afanane naye. Ankangopunthwa, kugwetsa zinthu ndi kugwa. Anthu anaseka, ndipo chithunzi chakuti pulezidenti ndi klutz chinakhazikika. Koma Ford anali mmodzi mwa atsogoleri a America amphamvu kwambiri pa masewera. Ali pa University of Michigan anasewera mpira wa ku America m'timu imene inakhala akatswiri a dziko mu 1932 ndi 1933, anasankhidwa kukhala wosewera wofunika kwambiri wa timuyo mu 1934, ndipo matimu a Detroit Lions ndi Green Bay Packers anamufuna, iye n'kukana. Nkhani imeneyi ikuonetsa mbali yoipa ya liwuli. N'lofatsa, inde, koma limamata. Clumsy mukhoza kukhala lero lokha chifukwa mwatopa. Klutz ndi dzina, limanena kuti ndi mmene mulili.

Patangopita zaka ziwiri liwu lomweli linaonetsa nkhope yake ina. Mu 1977 ku Palo Alto, California, John Cassidy ndi anzake awiri anatulutsa kabuku kophunzitsa masewera oponya timipira titatu m'mwamba n'kumatiwakha mosinthanitsa, kotchedwa Juggling for the Complete Klutz, ndipo ankakagulitsa limodzi ndi timatumba titatu toponyera. Phunziro loyamba m'kabukumo linali kuponya timatumbato n'kutisiya tigwe pansi, kuti wophunzira azolowere kugwetsa. Kampani yawo inatchedwa Klutz, inakula n'kukhala yotchuka pa mabuku a ana a zamanja, ndipo kuyambira 2002 ili m'manja mwa kampani yosindikiza mabuku ya Scholastic. Palibe kholo limene likanagulira mwana wake buku lolembedwa pachikuto kuti la zitsiru zenizeni n'kumupatsa pa tsiku lobadwa. Kuti makolo ankagula n'kumaseka ndi umboni wakuti pofika nthawi imeneyo liwuli linali litasanduka dzina limene munthu amadzipatsa yekha mosachita manyazi.

Pa kagwiritsidwe ntchito palibe zovuta. Ndi dzina, choncho limafuna a patsogolo: "I'm a klutz", ndipo kawirikawiri amawonjezera such, total kapena complete. Akachuluka ndi klutzes. Mfotokozi wake ndi klutzy, ndipo khalidwelo ndi klutziness. Anthu amalitambasulanso kuti lifike pa ntchito zina: munthu akhoza kunena kuti ndi klutz pa kompyuta, m'khichini, kapena pocheza ndi anthu, kutanthauza kuti pamenepo amangogundagunda. Ngakhale apo silinena kuti munthuyo alibe nzeru, limangonena kuti luso la pamenepo linamudutsa.

Tsopano za mnzanu uja. Ntchito yaikulu ya liwuli masiku ano ndi kudzichotsera manyazi. Munthu akagwetsa chinthu pagulu amafulumira kunena kuti "I'm such a klutz" kuti adziseke yekha ena asanamuseke, ndipo nthawi yomweyo wapepesa popanda kugwada. Omvera amayembekezeka kumutonthoza, monga kunena kuti zimachitikira aliyense. Likanenedwa kwa munthu wina, zonse zimadalira ubale wa anthu awiriwo. Lili ngati nthabwala za pachisuweni: msuweni wako akakunena umaseka n'kubweza, koma mawu omwewo akatuluka m'kamwa mwa mlendo umayamba kufunsa kuti akutanthauzanji. Mmene ndikuonera, mnzanuyo amadzitcha yekha klutz nthawi zonse, ndiye pokutchani inu ankakulowetsani m'gulu lake, ngati kunena kuti tilipo awiri. Yankho labwino likanakhala kuseka n'kumukumbutsa kapu imene iye anagwetsa. Koma zikamachitika kawirikawiri, makamaka pamaso pa akuluakulu a ntchito kapena abale a okalamba amene mumawasamalira, nkhaniyo yasintha. Pa ntchito yonyamula anthu ofooka ndi kugawa mankhwala, mbiri yakuti ndinu wogwetsagwetsa si nthabwala. Mukhoza kumuitanira pambali n'kumuuza mwaulemu kuti simukufuna dzinalo, ndipo simudzaoneka ngati munthu wosamva nthabwala.

Inuyo ligwiritseni ntchito ponena za inu mwini mmene mungafunire. Kwa anzanu apamtima, yang'anani kaye ngati iwo amadzitcha choncho. Kwa bwana, kwa munthu amene mwangodziwana naye, ndi kwa okalamba a kuntchito kwanuko, ayi. Gogo amene manja ake akunjenjemera chifukwa cha matenda a Parkinson kapena nyamakazi akhoza kudzitcha klutz pofuna kupeputsa zinthu, koma inu musavomereze ndipo musabwereze. Ndipo monga mukudziwa bwino kuposa ine, munthu amene dzulo ankagwira kapu bwinobwino n'kuyamba mwadzidzidzi kugwetsa zinthu kapena kukoka mwendo umodzi afunika namwino msangamsanga, chifukwa chikhoza kukhala chizindikiro cha sitiroko. Ana nawonso tiziwasamala. Pali vuto la ubongo lolepheretsa mwana kuyendetsa bwino ziwalo zake, lotchedwa dyspraxia, limene limapezeka mwa ana pafupifupi 5 kapena 6 pa 100 aliwonse a msinkhu wa sukulu. Mwana wotere amavutika kumanga zingwe za nsapato, kulemba, kapena kuwakha mpira. Kale madokotala enieniwo ankalitcha clumsy child syndrome, ndipo dzinalo analisiya chifukwa linkapweteka ana. Mwana amene wamva kunyumba kuti ndi klutz kuyambira ali wamng'ono amasiya kuyesa.

Mukapita ku Britain liwuli adzalimva, koma adzadziwa kuti ndi la ku America, chifukwa linawafika kudzera m'mafilimu ndi pa wailesi ya kanema. Iwo amakonda clumsy, butterfingers, cack-handed ndi ham-fisted. London inali ndi Ayuda ake oyankhula Chiyidishi ku East End, cha ku Whitechapel, ndipo anasiya mawu awo ena, monga "keep shtum", kutanthauza kukhala chete osaulula, ndi schmutter, zovala. Abale athu a ku Johannesburg nawonso amakhala mumzinda umene unalandira Ayuda ambiri ochokera ku Lithuania kuyambira zaka za m'ma 1880 mpaka lamulo la 1930 litachepetsa olowa. Kumeneko kugel, limene poyamba ndi dzina la chakudya chophika mu uvuni, linasanduka dzina lonenera mtsikana wa Chiyuda wa m'banja lolemera wokonda kutchena, tanthauzo limene munthu wa ku New York sangalidziwe.

Popeza muli m'dera limene mawu a Chiyidishi amamveka tsiku ndi tsiku, mukumana ndi ena ofanana ndi klutz, ndipo n'kosavuta kuwasokoneza. Schlemiel ndi munthu amene chilichonse chimene wagwira chimawonongeka, osati chifukwa cha manja okha koma chifukwa sadziwa kuyendetsa zinthu. Schlimazel ndi watsoka; liwuli linapangidwa ndi shlim, kutanthauza choipa, ndi mazl, mwayi, yemwe amapezekanso m'mawu akuti mazel tov, amene Ayuda amayamikirira nawo munthu zikamuyendera bwino. Nthabwala yakale imawasiyanitsa motere: schlemiel ndi amene amataya msuzi, schlimazel ndi amene msuziwo umamutayikira. Nebbish ndi munthu wofooka, womvetsa chisoni, amene anthu saona n'komwe kuti walowa m'chipinda. Mwa onsewa klutz ndiye wopepuka, chifukwa vuto lake limathera m'zala ndi m'mapazi, pamene enawo amanena za moyo wonse wa munthu.

Awiri amene muyenera kusamala nawo ndi putz ndi schmuck. Putz amamveka pafupifupi ngati klutz, ndipo onse awiri anayenda njira yomweyo ya o kusanduka u, kuchokera ku pots ndi shmok. Koma m'Chiyidishi awiriwa ndi mayina otukwana a maliseche a mwamuna. M'Chingerezi cha ku America anafewako, ndipo anthu ambiri amawanena potanthauza munthu wopusa kapena wonyansa khalidwe osadziwa n'komwe chiyambi chake. Okalamba amene anakulira m'makomo a Chiyidishi amadziwa, ndipo m'nyumba ngati imene mumagwiramo ntchitoyo n'kutheka kuti alipo angapo. Lilime likangoterereka n'kunena putz m'malo mwa klutz, mudzakhala mutatukwana gogo wa eni ake. Mukadzapezeka ku Germany n'kuona Schmuck atalemba pa sitolo musadabwe. M'Chijeremani liwu limenelo limatanthauza ndolo, mikanda ndi mphete.